Ndikufuna kumajambula mafilimu oulula kupanda chilungamo: ndiyambire pati?

Funso

Ndili ndi zaka 24 ndipo ndimapeza ndalama pojambula mavidiyo a misonkhano ndi zochitika zina. Koma mtima wanga uli pa mafilimu a zochitika zenizeni, aja timangoti documentary, okamba za anthu oponderezedwa: olandidwa malo, antchito ogwira miyezi osalipidwa, akaidi okhala m'ndende zaka zambiri mlandu wawo usanazengedwe. Ndiyambire pati? Ndigule zida zanji? Nanga munthu angadzisamalire ndi ntchito imeneyi?

Yankho

Mafunso anu atatu ndiyankha onse, koma la zida lidikire kaye chifukwa ndi losavuta. Ambiri amene amayamba ntchitoyi amagwa pa zinthu ziwiri: ndalama zimawathera filimu ili pakatikati, kapena munthu amene anawakhulupirira n'kuwatsegulira khomo amapezeka m'mavuto filimu itatuluka. Wojambula ndi mlendo, ndipo mlendo ndi mame. Mayi amene wanena pa kamera kuti kapitawo amawadula malipiro adzadzuka m'mawa mwake kukagwira ntchito moyang'aniridwa ndi kapitawo yemweyo, inu muli kutali. Chilichonse chimene ndilembe pano, ngakhale za maikolofoni, chikuchokera pa mfundo imeneyi.

Choyamba siyanitsani mutu ndi nkhani. “Kulandidwa kwa malo” ndi mutu, ndipo mutu sujambulika. Nkhani imakhala ndi munthu amene akufuna chinthu, china chimene chikumutsekereza, ndi nthawi imene ikutha. Yesani kulemba ziganizo ziwiri zokha zoyankha izi: ndi ndani, akufuna chiyani, akumuletsa ndani, ndipo m'miyezi 12 ikubwerayi kuchitika chiyani chimene kamera ingakhalepo n'kuchiona. Tsiku la khoti, msonkhano wa eni malo ndi kampani, tsiku limene alamulidwa kusamuka, izi ndiye zimapereka msana ku filimu. Ngati zonse zinachitika kale ndipo palibe chikubwera, mudzatsala ndi anthu okhala pampando akufotokoza, ndipo mudzafunika zithunzi zakale, makalata ndi zikalata za khoti kuti owonera akhale ndi choona. Zimatheka, koma n'zodula ndiponso zovuta kwa woyamba kumene.

Mukapeza nkhani, thani miyezi iwiri kapena itatu mukupita kwa anthuwo opanda kamera. Ambiri amaona ngati kumeneku n'kutaya nthawi, koma kuona maso a nkhono n'kudekha. Pa nthawi imeneyi mumadziwa amene amangolankhula kwambiri ndi amene zinamuchitikiradi, mumadziwa mikangano ya pakati pa odandaulawo, ndipo iwo amakuyesani ngati ndinu munthu wobweranso. Khalani ndi kope la mfundo. Chonena chilichonse chachikulu, monga chakuti antchito sanalipidwe miyezi isanu, chilembedwe pamzere wake limodzi ndi umboni wake: ananena ndani, tsiku liti, pali pepala lanji. Mfundo iliyonse yoneneza munthu kapena kampani ikhale ndi magwero awiri osadalirana. Anthu awiri amene onse anamva kwa munthu mmodzi ndi gwero limodzi. Kuzunzika sikuchititsa munthu kukumbukira molondola. Amasokoneza masiku ndi manambala ngati wina aliyense, ndipo cholakwika chimodzi chaching'ono chimapatsa wopondereza mpata wonena kuti filimu yonse ndi yabodza.

Tsopano za chilolezo, pamene ndikufuna muchedwepo. Mawailesi a kanema, matumba a ndalama ndi makampani a inshulansi amafuna fomu yosainidwa ndi aliyense wooneka bwino mufilimu, ndiye fomuyo muikonze m'chinenero cha munthuyo. Kwa wosawerenga, muwerengereni kamera ikujambula, iye avomere ndi pakamwa, atchule dzina ndi tsiku. Komabe fomu imateteza inu kuposa iye. Chilolezo chenicheni ndi kukambirana kumene munthu amamvetsa zinthu zinayi: filimuyi idzaoneka kuti, idzafika kwa amene akumunenawo, ikangolowa pa intaneti siichotseka, ndipo mwina sidzasintha kanthu pa vuto lake. Mfundo yachinayiyi ndi imene ojambula amaizemba, chifukwa amaopa kuti munthu akana. Ineneni basi. Munthu amene wavomera poganiza kuti filimu imubwezera munda wake sanavomere zimene mukuchitazo.

Funsaninso chilolezo katatu: musanayambe kujambula, pakachitika chinthu chachikulu chimene sankachiyembekezera monga kumangidwa kapena imfa pabanja, ndi pamene filimu yatsala pang'ono kutha. Pa ulendo wachitatuwu muonetseni mbali zimene iye alimo. Gwirizanani kuyambira pachiyambi zimene angasinthitse: cholakwika pa mfundo, ndi chilichonse choika moyo wake kapena wa abale ake pachiswe. Kuti waoneka wokwiya kapena kuti mdani wake wapatsidwa mpata wolankhula, zimenezo sangasinthitse. Mukapanda kunena malire amenewa msanga, mudzakangana pa nthawi imene palibenso ndalama zokonzera. Kwa mwana wosafika zaka 18 pamafunika chilolezo cha kholo kapena womulera komanso cha mwanayo, ndipo dzifunseni ngati akadzakula adzakondwa kuti nkhope yake ili pamenepo. Amene anachitidwa nkhanza zogonana, makamaka ana, malamulo a mayiko ambiri amaletsa kuwazindikiritsa, ndiye funsani loya wa m'dziko limene mukujambulamo musanayatse kamera.

Kubisa munthu n'kovuta kuposa mmene ambiri amaganizira. Kuphimba nkhope pa kompyuta kumabisa munthu kwa alendo okha. Amene akumufuna amamudziwa ndi kayendedwe, chipsera cha padzanja, malaya, khoma la nyumba, ngakhale mawu amene amakonda kubwereza. Kusintha kamvekedwe ka liwu pa kompyuta kumatha kubwezeretsedwa ndi munthu wodziwa pang'ono chabe. Njira yodalirika ndi kusajambula nkhope n'komwe: mujambuleni m'chipinda chimene si chake, atavala zovala zimene si zake, kuwala kuli kumbuyo kwake, ndipo mawu ake awerengedwe ndi munthu wina, owonera auzidwe kuti mwatero. Chimene sichinajambulidwe sichingabedwe. Onaninso tsatanetsatane wa nkhani yake: ngati pa antchito 40 iye yekha ndi amene anali m'chipindamo tsiku limenelo, nkhaniyo yamuulula kale. Musaiwale anzanu ogwira nawo ntchito. Mufilimu ya The Act of Killing ya 2012, yokamba za kuphedwa kwa anthu ku Indonesia m'zaka za 1965 ndi 1966, ambiri mwa antchito a m'dzikomo sanalembedwe mayina kumapeto, analembedwa kuti Anonymous, chifukwa iwo ankatsala komweko. Womasulira ndi dalaivala amakhala pangozi yofanana ndi ya wolankhula pa kamera.

Makamera ambiri sakhoma zimene ajambula, ndiye aliyense wolanda khadi la kamera amaona zonse. Mukangomaliza kujambula zinthu zoopsa, koperani ku hard drive yokhomedwa ndi pulogalamu monga VeraCrypt, tsimikizani kuti zakopeka, kenako fufutani khadilo ndi kujambulapo zinthu wamba. Mayina enieni ndi manambala a foni asakhale pamodzi ndi zithunzi. M'mafayilo lembani zizindikiro, ndipo pepala lomasulira zizindikirozo likhale kwina. Foni imasunga mufayilo malo amene mwajambulira, ndiye zimitsani zimenezo. Polemberana gwiritsani ntchito pulogalamu ya mauthenga yotchedwa Signal ndipo tcherani kuti mauthenga azifufutika okha.

Palinso khoti. Filimu ya Crude ya 2009 inatsatira mlandu wa anthu a ku Ecuador ndi kampani ya mafuta ya Chevron. Mu 2010 khoti la ku New York linalamula wojambula wake, Joe Berlinger, kuti apereke zimene anajambula koma sanaziike mufilimu, zomwe zonse zinkakwana maola pafupifupi 600. Khoti la apilo linachepetsa zoti apereke, koma linanena kuti sanaonetse kuti ankagwira ntchito modziimira payekha, popeza loya wa odandaula ndi amene anamupempha kupanga filimuyo ndipo mbali ina inachotsedwa iwo atapempha. Pali maphunziro awiri pamenepa. Musalonjeze munthu kuti zimene wanena sizidzaoneka ndi wina aliyense ngati mukuzisunga, chifukwa woweruza angakulamuleni kuzipereka. Ndipo ngakhale mtima wanu uli ndi oponderezedwa, musakhale wantchito wa maloya awo kapena wa bungwe lawo. Kudziimira panokha ndi kumene kumachititsa kuti filimu yanu ikhulupirike, ndipo tsiku lina kungakutetezeni.

Za kulipira anthu, maganizo anga ndi awa. Musagule umboni. Munthu wolipidwa kuti alankhule amanena zimene akuganiza kuti mukufuna, ndipo zikadziwika filimu imafa. Koma si chilungamo kuti munthu wosauka ataye tsiku lantchito chifukwa cha inu. Mubwezereni ya ulendo ndi ya tsiku limene wataya, mofanana kwa onse, mulembe m'buku, ndipo muwauze opereka ndalama kuti mukutero. Filimu ikadzapata mphoto kapena kugulidwa, kugawana ndi anthu a m'nkhaniyo n'koyenera, bola musalonjeze zimenezi pamene mukujambula.

Tibwere ku zida. Popeza mumajambula kale misonkhano, mwina kamera muli nayo, ndipo ikukwanira. Ndalama yoyamba ipite ku mawu. Owonera amapirira chithunzi chosawala bwino, koma mawu akakhala osamveka amasiya kuonera, ndipo m'mafilimu awa umboni uli m'mawu. Mukufunika maikolofoni yaing'ono yomata pachifuwa, maikolofoni yaitali yoloza kumene mawu akuchokera yokhala ndi chovala chaubweya chotchinga mphepo, chojambulira mawu chokhala ndi polowera pawiri, ndi mahedifoni otseka makutu. Yomata pachifuwa ikhale masentimita 15 mpaka 20 kuchokera pakamwa, pamalo pamene nsalu kapena mkanda suikhudza. Jambulani mawu pa 48 kHz ndi 24 bit, ndipo pofuula kwambiri muyezo uzifika cha pa -12 dB. Ukagunda 0 mawu amaphwanyika ndipo sakonzeka. Valani mahedifoni nthawi zonse, chifukwa kuona muyezo ukuyenda sikukuuzani kuti firiji ikulira kapena batire la maikolofoni likutha. Zimitsani wailesi iliyonse imene ikuimba chapafupi: nyimbo ya kumbuyo imadumpha podula, komanso ili ndi eni ake amene adzafuna malipiro. Musanachoke m'chipinda, onse akhale chete mujambule masekondi 60 a phokoso la chipindacho. Mkonzi amawagwiritsa ntchito pomata mipata. Ngati mawu ndi chithunzi zikujambulidwa pa zipangizo ziwiri, ombani m'manja kamodzi pamaso pa kamera kuti zidzalumikizike mosavuta.

Pa kamera sankhani muyezo umodzi n'kukhala nawo mpaka filimu ithe. Kumene magetsi ali a 50 Hz jambulani zithunzi 25 pa sekondi ndi shutter (nthawi imene kamera imalola kuwala kulowa pa chithunzi chilichonse) ya 1/50. Kumene ali a 60 Hz shutter ikhale 1/60, apo ayi mababu amaoneka akuphethira. Tripod (choimikapo kamera cha miyendo itatu) yolimba, mabatire okwana tsiku lonse ndi ena awiri apadera, ndi makhadi okwanira kuti musafufute muli kumalo ojambulira, basi. Pa chochitika chilichonse tengani chithunzi chapatali choonetsa malo, chapakati, ndi zapafupi za manja ndi nkhope za omvetsera, chilichonse masekondi osachepera 10 kamera itakhazikika. Oyamba kumene amathamangitsa kamera kwa aliyense wolankhula, ndipo pokonza amapeza kuti palibe podulira.

Werengani malo osungira musanasankhe kujambula mu 4K. Pa 100 Mbps ola limodzi limadya magigabaiti 45. Filimu yotsatira anthu kwa chaka kapena ziwiri imatha kufika maola 100, amene ndi materabaiti anayi ndi theka, ndipo mukufunika makope atatu: awiri pa ma hard drive osiyana, lachitatu kunyumba ina. Kope limodzi ndi ngati mulibe. Koperani khadi lonse mmene lilili, osasankha mafayilo, m'foda yolembedwa chaka, mwezi, tsiku ndi malo, ndipo tsegulani mafayilo angapo kuona ngati akusewera musanafufute khadi. Ngati ndalama ya ma hard drive ndi yochepa, jambulani mu 1080 n'kukhala ndi makope atatu kusiyana ndi 4K ya kope limodzi.

Pofunsa mafunso khalani pafupi kwambiri ndi diso la kamera kuti maso a wolankhula asathawire kumbali. Funsani mafunso otsegula: “Tandifotokozereni za tsiku limenelo kuyambira m'mawa.” Funso loyankhidwa ndi inde kapena ayi silikupatsani kanthu, ndipo funso lokhala kale ndi yankho mkati mwake ndi kuika mawu m'kamwa mwa munthu. Vomerani ndi mutu, osati ndi pakamwa, chifukwa “eee” wanu amalowa pamwamba pa mawu ake. Akamaliza kuyankha werengani mumtima mpaka 5 musanafunse lina. Nthawi zambiri chachikulu chimatuluka mu kachetechete kameneko. Kwa munthu amene anazunzidwa, muuzeni kuti angaimitse nthawi iliyonse, yambani ndi zopepuka, zowawa zikhale pakati, ndipo malizani ndi za moyo wake wa lero kuti musamusiye ali m'tsiku loipalo. Musapitirire mphindi 90. Musamupemphe kuti abwereze nkhani ya kugwiriridwa kapena kumenyedwa chifukwa choti ndege inadutsa. Konzani mawu musanayambe. Dziwiranitu mlangizi kapena bungwe limene angapiteko ngati kukumbukirako kwamudwalitsa. Inunso, ndi mkonzi amene adzaonera zimenezi kambirimbiri, mudzafunika wolankhula naye.

Filimu imabadwira pokonza, ndipo apa ndi pamene bajeti zambiri zimanama. Akonzi odziwa amawerengera pafupifupi mwezi umodzi pa mphindi 10 zilizonse za filimu yomalizidwa, ndiye ya mphindi 80 ndi miyezi 8 ya munthu wogwira tsiku lililonse. Yambani ndi kulemba mawu onse a zokambirana, pamodzi ndi nthawi yake pa masekondi 30 aliwonse, ndipo ngati mkonzi samva chinenerocho amasuliridwe mawu onse, osati chidule. Lembani chochitika chilichonse pa kapepala kake, muziike pakhoma, muyale nkhani musanakhudze kompyuta. Kudula koyamba kumatalika kawiri kapena katatu kuposa filimu yomaliza, ndipo n'koyenera kutero. Ngati n'kotheka musakonze nokha. Inu mumakumbukira kuti chithunzi china munachivutikira masiku atatu, pomwe mkonzi amangoona ngati chikugwira ntchito. Onetsani anthu asanu kapena asanu ndi mmodzi osadziwa nkhaniyo, kenako afunseni kuti afotokoze zimene aona. Pamene asokonezeka ndi pamene pali vuto.

Pokonza pali mayesero amene muyenera kuwadziwa. Mungathe kutenga theka la chiganizo cha Lolemba n'kulumikiza ndi theka la Lachisanu, munthu n'kunena zimene sananene. Mungaike nkhope ya bwana akuseka pambuyo pa mayi akulira, pomwe ankaseka zina. Muyeso wake ndi uwu: munthuyo ataona zonse zimene munajambula pambali pa zimene mwasankha, angavomere kuti tanthauzo lake silinasinthe? Muyeso umenewu ugwire ntchito kwa wopondereza mofanana ndi kwa woponderezedwa. Yesero lina ndi kuonetsa anthu akulira kokhakokha. Munthu amene akumenyera malo ake amasekanso, amakangana ndi anzake, amalakwitsa, amachita nzeru. Filimu yomuonetsa ngati womvetsa chisoni basi imamulanda ulemu kachiwiri, ndipo owonera amamumvera chisoni osamumvera mawu.

Aliyense amene filimu ikumuneneza apatsidwe mpata woyankha. Mulembereni kalata yotchula mfundo iliyonse imene mukumunenera, mumupatse masiku omveka, monga 14, ndipo sungani umboni woti kalatayo inafika. Akayankha, ikani yankho lake mwachilungamo. Akakana, nenani mufilimu kuti anakana. Koma kalatayi imamudziwitsa kuti filimu ikubwera, ndiye musaitumize musanamalize kujambula ndi kuchenjeza anthu anu, ndipo musalembemo kanthu kosonyeza amene anakuuzani. Loya wodziwa milandu ya kuipitsa mbiri aonere filimu isanamalizidwe, ali ndi kope lanu la mfundo pamanja. Nyimbo iliyonse yojambulidwa kale ili ndi zilolezo ziwiri, cha wopeka ndi cha mwini wa chojambulidwacho, ndipo zithunzi zakale za mawailesi a kanema zimagulitsidwa pa sekondi kapena pa mphindi. Kupeza woimba woti akupekereni nyimbo zatsopano, ndi mgwirizano wolembedwa, nthawi zambiri kumatsika mtengo. Mawu omasulira a m'munsi asapitirire mizere iwiri, zilembo pafupifupi 42 pa mzere.

Tsopano funso lanu lomaliza. Ndi ochepa kwambiri amene amadya ndi mafilimu awo okha, ndipo ndikanakunamizani ndikanati n'zosavuta. Filimu yaitali imatenga zaka zitatu kapena kupitirira, ndipo ndalama zimabwera pang'onopang'ono kuchokera kumalo osiyanasiyana. Ambiri amakhala ndi ntchito yachiwiri: kujambulira ena, kukonza mafilimu a ena, kuphunzitsa, kupangira mabungwe mavidiyo. Ntchito yanu ya misonkhano musaisiye. Ndi imene idzakulolani kukana ndalama zobwera ndi chingwe. Ndikulangizaninso kuti mugwire chaka chimodzi kapena ziwiri ngati wothandiza mkonzi kapena wogwira mawu pa filimu ya munthu wina. M'chipinda chokonzera mumaona zolakwa zonse za wojambula musanazichite nokha.

Matumba othandiza mafilimu otere alipo. IDFA Bertha Fund ya ku Amsterdam imathandiza ojambula a ku Africa, Asia, Latin America ndi madera ena. Sundance Institute ili ndi thumba la mafilimu a zochitika zenizeni lolandira mapempho ochokera kulikonse. Docubox ya ku Nairobi imathandiza a kum'mawa kwa Africa, ndipo ku Durban FilmMart ojambula amafotokoza mafilimu awo pamaso pa opereka ndalama ndi ogula. Malamulo ndi masiku awo amasintha, ndiye werengani za chaka chimenecho. Pafupifupi onse amagawa thandizo m'magawo: lokonzekera, lojambulira, ndi lomalizira. Amafuna chiganizo chimodzi chofotokoza filimu, chidule cha tsamba limodzi, masamba angapo ofotokoza mmene idzaonekere, bajeti, ndondomeko ya kumene ndalama zina zichokere, ndi kachidutswa ka mphindi zingapo. Kachidutswako ndi kamene kamagamula. Musakadzaze ndi nyimbo ndi zithunzi zothamanga. Ikani chochitika chimodzi kapena ziwiri zoonetsa kuti munthu wanu amakoka maso ndiponso kuti akulolani kufika pafupi. Amafunsanso kuti n'chifukwa chiyani inuyo ndi amene muyenera kunena nkhaniyi, ndipo funso limeneli muliyankhe moona. Mapempho ambiri amakanidwa, ngakhale abwino, ndiye tumizani kwambiri ndipo pemphaninso nkhani ikakula.

M'bajeti dziikireni malipiro anuanu. Oyamba kumene amadzichotsa kuti bajeti ioneke yaing'ono, kenako amasiya filimu kuti akasake ndalama ya nyumba. Ikanimo 10 pa 100 iliyonse ya zadzidzidzi, ndipo musaiwale zakumapeto: kusakaniza mawu, kukonza mitundu, kumasulira, loya, zilolezo, inshulansi imene mawailesi akuluakulu amafuna yoteteza ku milandu ya zolakwika za mufilimu. Zimenezi zimafika pamene thumba lauma. Bungwe lomenyera ufulu likafuna kuthandiza, landirani, koma mgwirizano unene momveka kuti mawu omaliza pa zolowa mufilimu ndi anu komanso kuti zojambulidwa zonse ndi zanu. Ngati akufuna kuvomereza filimu isanatuluke, imeneyo ndi ntchito yawo imene akulembani. Igwireni ngati mukufuna, mulipidwe bwino, koma musaitche filimu yanu.

Za kuonetsa, ganizani msanga. Zikondwerero zikuluzikulu monga Sundance mu January, Hot Docs ku Toronto, Sheffield DocFest mu June ndi IDFA mu November zimakonda filimu imene sinaonetsedwe kwina, ndiye mukaiika pa YouTube mwatseka makomo amenewo. Mawailesi ambiri a kanema amafuna ya mphindi 52, choncho konzekerani kudula yachiwiri yaifupi. Koma dzifunseni kuti amene angasinthe vutoli ndi ndani, chifukwa mwina si amene amapita ku zikondwerero. Ngati cholinga ndi akaidi osazengedwa milandu, anthu ofunika kuona ndi oweruza, akuluakulu a ndende, aphungu ndi mabanja a akaidiwo, ndipo kachidutswa ka mphindi 10 koonetsedwa m'chipinda chimodzi ndi anthu 20 oyenera kangachite zambiri kuposa mphoto. Ntchito imeneyi ili ndi bajeti yakeyake ndi munthu wakewake, ndipo bungwe la Doc Society linalemba malangizo aulere a mmene imayendera. Lembani chinthu chimodzi chimene mukufuna chisinthe, amene ali ndi mphamvu yochisintha, ndi bungwe limene lidzapitirize inu mutatopa.

Zimachitika kuti filimu isinthe moyo wa munthu. The Thin Blue Line ya Errol Morris inatuluka mu 1988, ndipo Randall Dale Adams, amene anamangidwa ku Texas pa mlandu wopha wapolisi umene sanapalamule, anamasulidwa mu 1989 atakhala m'ndende zaka pafupifupi 12. Komabe atatuluka, iye ndi wojambulayo anatengerana kukhoti pa za mwini wa nkhani ya moyo wake. Ngakhale pamene zinthu zayenda bwino chotere, zimene munagwirizana pachiyambi zimadzafunsidwa, ndiye zilembeni momveka pamene nonse mukumwetulirana.

Poyambira penipeni ndi apa: filimu ya mphindi 10 mpaka 15, munthu mmodzi, nkhani imene mungafikeko mobwerezabwereza ndi ndalama zanu, yoti ithe m'miyezi 6. Sankhani nkhani imene singamangitse munthu, chifukwa pa filimu yoyamba mudzalakwitsa ndipo zolakwazo zisagwere wina. Ichiteni ndi ndondomeko yonse ngati yaikulu: kope la mfundo, fomu za chilolezo, makope atatu, kalata yopempha yankho, kuonetsa mwini nkhani isanatuluke. Filimu imeneyi ndi imene opereka ndalama adzafune kuona mukadzapempha za yaitali. Isanatuluke, khalani pansi ndi munthu wanu mugwirizane tsiku, amene angamuimbire zinthu zikavuta, loya kapena bungwe limene lavomera kale kumuthandiza, ndi kumene angakagone masiku angapo ngati pakhomo pataopsa. Muimbireni tsiku lotulutsa, pakatha sabata, ndi pakatha mwezi, ndipo nambala imene munamupatsa musaisinthe.